Kodi Malawi ali m'chigawo chiti cha Africa? Mafunso ndi mayankho pa malire a m'mbiri yakale

Mafunso ali m'munsiwa amavuta ophunzira mbiri kusekondale ndi kukoleji, komanso aliyense amene anayalapo mapu awiri a Africa n'kupeza kuti sakugwirizana.

Kodi Malawi ali kummwera, pakati kapena kummawa kwa Africa?

Zimatengera mwafunsa yani. Bungwe la African Union (AU) limagawa Africa m'zigawo zisanu, ndipo Malawi amamuika kummwera pamodzi ndi Zambia, Mozambique, Zimbabwe ndi South Africa. Nthambi ya United Nations yosonkhanitsa ziwerengero imatenga Malawi yemweyo, pamodzi ndi Zambia, Mozambique ndi Zimbabwe, n'kumuika kummawa, gulu limodzi ndi Kenya ndi Ethiopia. Angerezi ankati kuno ndi pakati: kuyambira 1893 mpaka 1907 dziko lino linkatchedwa British Central Africa, ndipo chitaganya chija cha 1953 mpaka 1963 ambiri ankachitcha Central African Federation. Dzina limeneli likadali moyo mu mpingo wa CCAP (Church of Central Africa Presbyterian), umene unakhazikitsidwa mu 1924. Koma lero mukanena "pakati pa Africa" ku likulu la AU ku Addis Ababa, anthu aganiza za Cameroon, Gabon, Chad ndi Congo, osati Nkhoma.

Okonda mpira akudziwa kale zimenezi. Timu ya dziko lino inatenga chikho cha kummawa ndi pakati pa Africa mu 1978, 1979 ndi 1988, koma masiku ano imasewera m'chikho cha COSAFA cha maiko a kummwera. Dziko silinasunthe ngakhale phazi limodzi.

Palibe amene akunama. Aliyense anadula chigawo molingana ndi ntchito yake: wina ankafuna kulamulira, wina kuwerenga anthu, wina kukonza masewero.

Nanga katswiri wa mbiri amayambira pati akafuna kudula chigawo?

Amayamba ndi funso, mapu amabwera pambuyo. Akasankha chimene akufuna kuchilondola, amachitsata kumene chikupita, ndipo pamene chalekezera m'pamene amaika malire ake.

Tiyeni titenge dera limodzi lomwelino. Wofufuza za malonda a minyanga ya njovu ndi akapolo m'zaka za m'ma 1700 ndi 1800 amayamba ku Luangwa, n'kudutsa ku Nkhotakota kwa Jumbe kapena kwa mafumu achiyao monga Mponda, Makanjira ndi Mataka, mpaka kukafika ku Kilwa, Zanzibar ndi chilumba cha Mozambique. N'chifukwa chake Edward Alpers, polemba za malondawa mu 1975, anatcha dera limeneli "kummawa cha pakati pa Africa". Wofufuza za amuna opita ku Theba ndi ku Wenela amayang'ana kummwera: Halale, Joni, migodi ya golide, machona amene sanabwerenso. Kwa iye Mzimba ndi Johannesburg zili m'chigawo chimodzi, pomwe Nairobi ili kunja. Wofufuza za kumene Aphiri anachokera amatembenukira kumpoto chakumadzulo, ku Uluwa, dziko la Aluba ku Katanga, ndipo chigawo chake chimaphatikiza Congo ndi Zambia.

Zizindikiro zimene amagwiritsa ntchito n'zosiyanasiyana: kufanana kwa zilankhulo, malembalemba a pa mapale ofukulidwa pansi, njira za amalonda, kumene mtulo unkapita, akachisi amene anthu ankakapemphako mvula, ngakhale kumene ntchentche za kashembe zinkaletsa kuweta ng'ombe. Vuto n'lakuti malire a zinthu zimenezi sagwera pamodzi. Pamene chilankhulo chathera si pamene mtulo wathera.

Kodi atsamunda asanabwere kunalibe malire?

Analipo, ndipo wonena kuti kunalibe sanaonepo mlandu wa munda. Nyakwawa imadzuka ndi nduna zake, onse n'kuyenda m'mbali mwa mundawo: "Kuyambira pa chulu ichi, kutsata nkhadze izi, mpaka pa khwawa." Mafumu nawo ankadziwa kuti tsidya la mtsinje wakuti ndi la mnzawo. Mlenje akapha njovu, nyanga yogunda pansi inkapita kwa mwini dziko, ndipo zimenezo sizikanatheka popanda kudziwa kuti njovuyo yagwera m'dziko la yani.

Chimene kunalibe ndi mzere umodzi wozungulira ufumu wonse, woti mbali iyi mfumu ili ndi mphamvu zonse, mbali inayo ilibe n'komwe. Mphamvu za mfumu zinali ngati moto wa pabwalo: wokhala pafupi amawotha, wakutali amangoona kuwala kwake. Nthaka inali yambiri, anthu ochepa. Chuma cha mfumu chinali anthu, ndipo mbumba yosakhutira ndi ulamuliro inkangosamuka n'kukayamba mudzi kutchire, pakati pa maufumu awiri. Igor Kopytoff analemba mu 1987 kuti maufumu ambiri a mu Africa anabadwira m'malo a pakati oterewa. Tikayang'ana mbiri ya Undi, amene anachoka kwa Kalonga n'kukakhazikitsa ufumu wake kumadzulo, mfundoyi imamveka.

Ufumu wa Maravi unkalekezera pati?

Apa m'pamene mapu a m'mabuku a sukulu amasocheretsa kwambiri. Mumapeza dera lalikulu lapakidwa utoto umodzi, kuyambira ku Luangwa mpaka kunyanja ya mchere, ndi mzere wakuda wolizungulira, ngati kuti munthu akanatha kuima pa mzerewo n'kunena kuti "ndatuluka m'Maravi". Mapu otere muziwakayikira.

Zimene tikudziwa n'zakuti Kalonga ankakhala ku Mankhamba ndi Manthimba, kufupi ndi Mtakataka m'boma la Dedza. Undi anali ku Mano, dera limene lero lili m'chigawo cha Tete ku Mozambique. Lundu anali m'chigwa cha Shire. Onse anali Aphiri, koma sikuti nthawi zonse ankamverana. Mu 1616 Mpwitikizi wina, Gaspar Bocarro, anayenda pansi kuchokera ku Tete mpaka ku Kilwa, ndipo panjira anachezera mfumu yamphamvu yotchedwa Muzura. Mu 1622 Muzura yemweyo anagonjetsa Lundu mothandizidwa ndi Apwitikizi. Ndiye tinene kuti unali ufumu umodzi kapena maufumu atatu a pachibale? Akatswiri amatsutsana mpaka pano, ndipo ena amakayikira ngati Muzurayo analidi Kalonga. Yankho limasinthanso ndi chaka: mapu a 1620 sangafanane ndi a 1750, pamene mphamvu za Kalonga zinali zitayamba kuzilala ndipo malonda a minyanga anali atalowa m'manja mwa Ayao ndi Abisa.

Zofukulidwa pansi zimaonjezera malire ena. Yusuf Juwayeyi atafukula ku Mankhamba anapeza mikanda yagalasi, zinthu zamkuwa, minyanga ya njovu ndi zidutswa za mbale zochokera ku China. Mbale yochokera ku China sikutanthauza kuti Kalonga ankalamulira mpaka kunyanja ya mchere. Ikungosonyeza kuti dzanja lake la malonda linkafika kutali kuposa mkondo wake.

Palinso malire a mvula. Kachisi wa Makewana ku Msinja ndi wa Mbona ku Khulubvi m'boma la Nsanje ankalandira nsembe kuchokera kwa mafumu osiyanasiyana, ena odana. Matthew Schoffeleers, amene anafufuza za Mbona kwa zaka zambiri, anaonetsa kuti dera la kachisi silinkafanana ndi dera la mfumu, ndipo nthawi zina kachisi ankakhalitsa kuposa ufumuwo.

Mapu a utoto umodzi aja ali ndi ngozi yake. Mu 1968 Kamuzu Banda analankhula poyera kuti malire enieni a Maravi ankapitirira a lero, kulowa ku Zambia, Mozambique ndi Tanzania, ndipo mawuwo anakwiyitsa maiko oyandikana nafe. Mzere wongojambulidwa kuti uthandize mwana wa sukulu ukhoza kusanduka chonenera cha wandale.

Kodi n'zoona kuti malire a Africa anadulidwa pa msonkhano wa ku Berlin?

N'zoona pang'ono chabe. Msonkhanowo unayamba mu Novembala 1884 n'kutha mu Febuluwale 1885. Panali maiko 14, popanda nthumwi ya mfumu iliyonse ya mu Africa. Koma nkhani zake zazikulu zinali malonda m'chigwa cha Congo, kuyenda kwa sitima pa mitsinje ya Congo ndi Niger, ndi malamulo oti dziko la ku Ulaya lizitsata likafuna kutenga dera la m'mphepete mwa nyanja. Chithunzi chija cha azungu atazungulira tebulo n'kumadula Africa yense ndi rula tsiku limodzi n'chokokomeza. Mizere yambiri inadulidwa pambuyo pake, m'mapangano a maiko awiriawiri, makamaka pakati pa 1885 ndi 1914, ndipo kuika zipilala za malire kunatenga zaka zina zambiri.

Izi sizikuchepetsa mlandu wawo. Lord Salisbury, nduna yaikulu ya Britain, anachita kuseka yekha mu 1890 kuti akhala akugawana mapiri, mitsinje ndi nyanja asakudziwa n'komwe pamene zinthuzo zili.

Ndiye malire a Malawi anachokera kuti?

M'mapangano atatu. Loyamba ndi la pa 1 Julayi 1890 pakati pa Britain ndi Germany, limene linaika malire a kumpoto pa mtsinje wa Songwe. Lachiwiri ndi la pa 11 Juni 1891 pakati pa Britain ndi Portugal. Limeneli linabwera pambuyo pa mkangano woopsa: mu 1889 asilikali a Mpwitikizi Serpa Pinto anakwera ndi mtsinje wa Shire n'kumenyana ndi Amakololo, ndipo mu Januwale 1890 Britain inalamula Portugal kuti ichotse anthu ake. N'chifukwa chake mtsinje wa Ruo ndi malire lero. Lachitatu linali logawana pakati pa Angerezi okhaokha, boma ndi kampani ya Cecil Rhodes, ndipo ndi limene linalekanitsa Mchinji ndi Chipata.

Kumadzulo konse anatsata msana wa mtunda pamene madzi amagawikana: oyenderera kunyanja yathu ndi ku Shire akhale a Nyasaland, oyenderera ku Luangwa ndi ku Zambezi akhale a ena. Papepala n'zanzeru. Koma pamtunda pomwepo m'pamene panali midzi ya Achewa ndi Angoni.

Kuti muone bwino, imani pa Lizulu tsiku la msika. Msewu wa M1 umayenda pamsana pomwepo. Mayi wogulitsa kachewere ndi kabichi wakhala mbali ya Malawi, koma ndiwozo walima m'dimba la ku Angonia. Mchimwene wake ali tsidya lina la msewu, ku Mozambique, ndipo akufuulirana m'Chichewa kuti abwereke chenji. Ndalama ya kwacha ikuyenda mbali zonse. Kukagwa maliro, anthu amawoloka ndi nkhuni ndi ufa osafunsa za pasipoti. Wolemba mbiri ya Angoni a kwa Gomani akalekezera pa phula limeneli ndiye kuti wataya theka la nkhani yake, pakuti ku Domwe, kumene Amaseko anakhazikika asanafalikire ku Ntcheu, kuli tsidya linalo.

Nanga mkangano wa nyanja ndi Tanzania ukukhudzana bwanji ndi zimenezi?

Gwero lake ndi pangano lomwe lija la 1890. Limanena kuti malire akutsata gombe la kummawa kwa nyanja mpaka pa mathiriro a Songwe, ndipo Malawi amaima pamenepo: madzi onse a kumpoto ndi athu. Tanzania imati malire ayenera kudutsa pakati pa nyanja, monga zimakhalira pa nyanja zambiri zogawana, ndipo imaloza mapu ena a nthawi ya atsamunda amene anajambula choncho. Inadzutsa nkhaniyi mu 1967, ndipo inabukanso mu 2012 Malawi atapereka chilolezo chofufuza mafuta pansi pa nyanja. Atsogoleri opuma, Joaquim Chissano, Thabo Mbeki ndi Festus Mogae, anayesa kuyanjanitsa mbali ziwirizi koma nkhani sinathe.

Kumbali ya Mozambique n'kosiyana chifukwa mu 1954 Britain ndi Portugal anagwirizana zosunthira malire pakati pa nyanja. Zilumba za Likoma ndi Chizumulu zinatsalabe za Nyasaland chifukwa cha mishoni ya Anglican ya UMCA imene inali kumeneko, motero lero ndi nthaka ya Malawi yozunguliridwa ndi madzi a Mozambique.

Katswiri wa mbiri angakuuzeni zimene pepala la 1890 likunena ndi zimene mapu a chaka chakuti akuonetsa. Sangakuuzeni kuti nyanja "kuyambira kalekale" inali ya dziko lakuti, chifukwa kwa msodzi wa m'ma 1800 nyanja sinali mpanda. Inali msewu wa mabwato ndi zombo, wolumikiza Nkhotakota ndi tsidya linalo. Ndipo Songwe weniweniyo sakhazikika: madzi akasefukira amasintha njira, munda wa munthu n'kupezeka wasamukira dziko lina.

Ngati malirewa ndi ochita kupanga, bwanji osangowanyalanyaza polemba mbiri?

Polemba za zaka za 1891 isanafike, kuwanyalanyaza n'koyenera. Kunena kuti "mbiri ya Malawi m'chaka cha 1600" n'kubweza dziko la lero m'nthawi imene kunalibe. Koma kuchokera pamene mzere unadulidwa, unayamba kubala zinthu zenizeni. Alomwe ambiri anawoloka kuchoka ku Mozambique kuyambira m'ma 1890 pothawa nkhanza ndi ntchito yokakamiza ya Apwitikizi, n'kudzakumana ndi thangata m'minda ya azungu ku Thyolo ndi Mulanje. Anawoloka chifukwa malamulo a mbali ziwirizi anali osiyana. Undi wa nthawi imeneyo anasamuka kuchoka ku Mozambique m'zaka za m'ma 1930 n'kukakhala ku Northern Rhodesia (Zambia ya lero), n'chifukwa chake mwambo wa Kulamba umachitikira ku Mkaika m'boma la Katete, kumene mafumu achichewa a maiko atatu amasonkhana mu Ogasiti. Pa nthawi ya nkhondo ya ku Mozambique, imene inatha mu 1992, anthu pafupifupi miliyoni imodzi anathawira kuno. Kwa iwo mzere wa pa Lizulu, pa Dedza kapena pa Nsanje unali kusiyana kwa moyo ndi imfa.

Atsogoleri a Africa nawo anasankha kuusunga. Ku Cairo mu 1964 bungwe la maiko a mu Africa la OAU, limene pambuyo pake linasanduka AU, linagwirizana kuti dziko lililonse lilemekeze malire amene linawapeza polandira ufulu, ngakhale Morocco ndi Somalia sanakondwe nazo. Chichokereni nthawi imeneyo maiko atsopano odziwika ndi onse amene anabadwa podula dziko lina ndi Eritrea mu 1993 ndi South Sudan mu 2011.

Pali chinthu china chimene anthu sachiganizira kawirikawiri: malire anagawanso zikalata. Wofufuza za Achewa amapeza zina ku Zomba ndi ku Lusaka m'Chingerezi, zina ku Maputo ndi ku Lisbon m'Chipwitikizi. Ophunzira athu ambiri sawerenga Chipwitikizi, ndipo ndalama zoyendera n'zosowa. Mapeto ake mbiri ya anthu amodzi imalembedwa zidutswazidutswa, aliyense kulekezera pa chipata cha dziko lake, osati chifukwa nkhani yathera pamenepo koma chifukwa thumba lathera pamenepo. Pamene UNESCO inalemekeza Gule Wamkulu mu 2005, inachita bwino kumutchula kuti ndi wa Malawi, Mozambique ndi Zambia pamodzi.

N'chifukwa chiyani mabuku ena amapatula kumpoto kwa Africa ngati kuti si Africa?

Chizolowezi chimenechi n'chakale ndipo chiyambi chake si chabwino. M'zaka za m'ma 1820 katswiri wa ku Germany, Hegel, anagawa Africa patatu: kumpoto anati n'kogwirizana ndi Ulaya, chigwa cha Nile anachipereka ku Asia, ndipo chotsalacho, kummwera kwa Sahara, anati ndiye "Africa weniweni" wopanda mbiri. Mwaona machenjerero ake: chotsani kaye chilichonse chimene mukuchisirira, kenako nenani kuti chotsalacho n'chopanda kanthu.

Umboni umakana. Mafumu a ku Kush, m'dziko la Sudan ya lero, analamulira Egypt m'zaka za m'ma 700 ndi 600 Yesu asanabadwe. Ngamila zinkadutsa Sahara ndi mchere, golide, nsalu, mabuku ndi akapolo kwa zaka mazana ambiri. Mansa Musa wa ku Mali anafika ku Cairo mu 1324 pa ulendo wake wa ku Mecca. Ibn Battuta, mbadwa ya ku Tangier ku Morocco, anaona Kilwa mu 1331 ndi Mali mu 1352. Pamene UNESCO inayamba ntchito yolemba mbiri ya Africa yense mu 1964, akatswiri monga Joseph Ki-Zerbo wa ku Burkina Faso ndi Bethwell Ogot wa ku Kenya anaumirira kuti kontinenti ionedwe yathunthu, Egypt ndi Morocco zili momwemo.

Sindikunena kuti mawu oti "kummwera kwa Sahara" alibiretu ntchito. Pokamba za malungo kapena mbewu zina amathandiza. Koma amaika Senegal ndi Lesotho m'thumba limodzi, n'kulekanitsa Mali ndi Morocco amene anachita malonda ndi kumenyana nkhondo kwa zaka mazanamazana.

Kodi chigawo chingathe kupitirira kontinenti?

Inde. Golide wa ku Great Zimbabwe ankatsikira ku Sofala, n'kupita ku Kilwa, kenako kuwoloka nyanja, ndipo ndalama yachitsulo ya mfumu ya ku Kilwa inapezeka m'mabwinja a Great Zimbabwe. Zombo zinkatsata mphepo zimene zimasintha mbali kawiri pa chaka. Kwa wofufuza zimenezi, Mombasa ili pafupi ndi Oman ndi Gujarat kuposa ndi Lagos.

Nanga zigawo zathu zitatu, kumpoto, pakati ndi kummwera, n'zakale?

Ayi. Zinayamba ngati madera a mabwanamkubwa aang'ono a boma la atsamunda, kuti ntchito ya msonkho ndi milandu iziyenda. Mishoni zinathandiza kuzilimbitsa: Livingstonia kumpoto, Nkhoma pakati, Blantyre kummwera, iliyonse ndi sukulu zake ndi chilankhulo chake chophunzitsira. Pofika chisankho cha 1994, pamene kumpoto kunavotera Chakufwa Chihana, pakati Kamuzu Banda, kummwera Bakili Muluzi, zigawozi zinali zitayamba kuoneka ngati zobadwa nazo. Komatu "kumpoto" kuli Atumbuka, Atonga, Ankhonde, Alambya ndi Angoni, aliyense ndi mbiri yake, ndipo Mtonga wa ku Nkhata Bay wa m'ma 1870 akanadabwa kumva kuti ali gulu limodzi ndi Angoni amene ankamuthira nkhondo. Amang'anja a ku Chikwawa, amene timawawerengera "kummwera", ndi abale a Achewa a "pakati".

Anthu oyendayenda ngati Angoni amawaika m'chigawo chiti?

Amenewa ndiwo amasokoneza mapu aliwonse. Zwangendaba anachoka kumpoto kwa KwaZulu-Natal ya lero cha m'ma 1820, anadutsa kummwera kwa Mozambique ndi Zimbabwe, n'kuwoloka Zambezi mu Novembala 1835, tsiku limene kunachitika kadamsana. Kadamsanayo ndi amene anathandiza akatswiri kupeza tsiku lenileni. Anakamwalirira ku Ufipa, m'dziko la Tanzania ya lero, m'zaka za m'ma 1840. Atamwalira, anthu ake anagawikana: a Mpezeni anakathera ku Chipata, a M'mbelwa ku Mzimba, ena ku Songea. Amaseko anayenda njira yawoyawo, kuzungulira kummawa kwa nyanja mpaka ku Songea, n'kubwerera kudzakhala ku Domwe ndi Ntcheu. Panjira ankatenga anthu a mitundu yonse, Ansenga, Atumbuka, Achewa, Asukuma, motero ambiri odzitcha Angoni lero makolo awo sanaoneko ku Natal.

Mbiri imeneyi imadutsa maiko asanu ndi limodzi a lero, ndi zigawo ziwiri za African Union. Akatswiri ambiri amangoilemba motsata ulendowo, chigawo chawo n'kukhala njira imene anthuwo anaponda. Zidzukulu zawo zimavina ingoma pa Ncwala ku Mtenguleni mu Febuluwale, pa Umthetho ku Hora ndi pa Umhlangano ku Ntcheu, ndipo mafumu a mbali zonsezi amaitanizana.